Dzina Lokakamira pa Fulashi ya Mayi Alufandika

Ana anga, za ubwana wanga sindilemba. Munazimva kale kwa azakhali anu, ndipo iwo amazikometsa kuposa ine. Ndikufuna mudziwe za ntchito imene inakulerani, makamaka za nthawi imene ndinaiika pachiswe chifukwa cha kanthu kochepa ngati chala chakumapeto.

Nchalo, ndisanakwatire mayi anu

Ntchito yanga yoyamba inali ya ukalaliki pa ofesi ina ya kuminda ya nzimbe. Ndinkatayipa pa makina achitsulo aja, olimba mabatani, oti ukaphonya chilembo chimodzi uyambirenso pepala lonse. Abwana anga anali bambo wina wosadziwa kuseka, amene ankakonda kunena kuti anthu a kuchigwa kuno dzuwa linatiphika ubongo. Ndinkangoti "inde bwana", mumtima ndikuti tidzaona. Makompyuta atafika, akalaliki anzanga ankawalambalala, ena n'kumanong'ona kuti abwera kudzatichotsa ntchito. Ine ndinkadya msanga masana n'kubwerera kukawagwiragwira. Mmisiri amene ankabwera kudzawakonza ndinamutopetsa ndi mafunso, mpaka anandilozera kumene ankaphunzitsa za makompyuta Loweruka ku Blantyre, mwina pofuna kuti ndimusiye apume. Ndinakwera chikweza cha Thabwa sabata ndi sabata mpaka ndinatenga pepala langa. Ndidzitame pang'ono, poti ndinapuma kale ndipo palibe angandichotse ntchito: pomwe Lusiya ankabadwa, kuchokera ku Chikwawa mpaka ku Marka kunalibe munthu wodziwa m'mimba mwa kompyuta kuposa bambo anu. Abwana osaseka aja nawonso anayamba kunditchula kuti a Semba, osati "iwe".

Nsanje boma, Lusiya ali ku sekondale

Ndinachoka ku Nchalo nditapeza ntchito ku bungwe lina limene linkaika makompyuta m'masukulu a sekondale a m'chigwa chino. Makompyutawo anali akale, opatsidwa, ndipo ambiri ankafika akudwala kale. Mankhwala ake nthawi zambiri anali amodzi: kuikamo mwatsopano pulogalamu yaikulu imene imayendetsa kompyuta yonse. Popanda pulogalamu imeneyi, ukayatsa umangoona mdima ndi timawu toyera pang'ono pakona. Poyamba tinkayenda nayo pa masidi, koma fumbi ndi kutentha zinkawatha msanga, ndiye likulu lathu ku Blantyre linayamba kutitumizira mafulashi, onga omwe inu mumasungiramo nyimbo. Kungoti fulashi yoikira pulogalamu umayamba waikonza kaye. Pali kapulogalamu kena kamene kamafufuta zonse zili mkati, n'kuyalamo pulogalamu yaikulu ija, kenako n'kuipatsa fulashiyo dzina. Dzinali ndi lomwe limaoneka pa sikirini ukailowetsa mu kompyuta: zilembo zikuluzikulu zosakanizana ndi manambala, zosatchulika, zongofotokoza mtundu wa pulogalamuyo ndi chilankhulo chake. Mafulashi oterewa tinali nawo ochepa kwambiri, ndipo ukapempha ina unkangomva kuti dikirani chaka cha mawa.

Abwana athu ku Nsanje anali Bambo Mwale a ku Kasungu, munthu wachilungamo koma wosakonda phokoso, amene anakhala kuno zaka zambiri osazolowera kutentha. Ankayenda ndi kathawulo paphewa ngati wogulitsa nyama. Woyang'anira katundu anali Bambo Zuze, Msena wa ku Marka, wamtali, wowonda, woti chingwe chimodzi chikasowa chakudya sichiwalowa. Sanali munthu woipa, ana anga, izi muzisunge. Vuto lawo linali dzuwa. Akamata sitika ya bungwe pa katundu, pakutha mwezi guluu wasungunuka, sitika yagwa. Akalemba ndi cholembera chakuda chija, thukuta la m'manja mwathu linkafufuta. Pa mafulashi ndiye anapeza njira yawoyawo. Ukabweza fulashi, ankailowetsa mu kompyuta yawo, ndipo dzina lalitali lija likaoneka ankagwedeza mutu n'kuiika m'kabati.

"A Semba, onani," anandiuza tsiku lina, chala chili pa sikirini. "Ichi ndiye chidindo chenicheni. Dzuwa silichiona. Ndayesa kuchisintha, chakana. Akulikulu anachiwotcherera mkati."

Ndinaseka n'kuwauza kuti dzinalo limangolembedwa ndi kapulogalamu kokonzera fulashi.

"Nkhabe," anakana m'Chisena. "Chikanakhala cholemba wamba chikanafufutika."

Sindinalimbane nawo. Panthawiyo fulashi iliyonse ya dzina limenelo m'boma lonse inalidi ya bungwe, ndiye njira yawo inkagwira ntchito.

Makhanga, dzinja la chaka chotsatira

Nthawi ya dzinja dera la Makhanga limasanduka chilumba, ndipo chaka chimenecho madzi analowa mpaka m'makalasi. Chipinda cha makompyuta pa sekondale ya kumeneko chinkayang'aniridwa ndi Mayi Alufandika, wolembedwa ndi bungwe lathu lomwe, mayi wamfupi wa mawu aakulu, wotsogolera kwaya ya amayi kutchalitchi kwawo. Amuna awo anali msodzi. Madzi akukwera, mayiwa anasanjikiza madesiki n'kukwezapo makompyuta onse asanapite n'komwe kukaona za kunyumba kwawo. Makinawo sananyowe, koma chinyontho ndi kuzimazima kwa magetsi a sola kunawasokoneza, ambiri osayakanso bwino. Ana a Fomu 4 anali atatsala pang'ono kuyesedwa pa makina omwewo. Bambo Mwale anandituma ndi laputopu ndi fulashi imodzi ya bungwe.

Ndinakwera boti ku Bangula. Laputopu ndinaikulunga m'mapulasitiki n'kuisenza pamutu, fulashi ili m'thumba la malaya. Kutsidya boti silinafike pouma, tinatsikira m'madzi ofika m'chiuno, ndipo phazi langa linalowa m'dzenje. Ndinamira mpaka m'khosi manja ali m'mwamba, laputopu yokha ili kunja ngati mwana wokabatizidwa, asodzi akufa nazo n'kuseka. Laputopu inapulumuka. Fulashi ndinaiyanika padzuwa, ndinaipukuta, ndinaiuzira, koma nditailowetsa mu kompyuta sinaonetse chilichonse. Inali itafa.

"Ndiye ana angawa atani, a Semba?" anafunsa Mayi Alufandika. Ana a sukulu onse ankawatcha ana awo.

Ndinawauza kuti pulogalamu yaikuluyo ndinali nayo mu laputopu, chosowa chinali fulashi yoti ndiikonze. Anamasula kansalu kamene anamangirira pa nsonga ya chitenje n'kutulutsa fulashi yawo yakuda, yofanana ndendende ndi zathu, poti zonse zinkachokera m'mashopu amodzimodzi. Munali nyimbo za kwaya ndi zithunzi za ana awo.

"Nyimbo zanga zisafe," anatero.

"Sizifa, mayi. Ndizisamutsira mu laputopu kaye, ndikamaliza ndizibweza."

Ndinachita momwemo. Ndinakonza fulashi yawo, ndinadzutsa makompyuta onse limodzi ndi limodzi, ndipo lomaliza litayaka ana anaimba m'manja panja pa zenera. Mu fulashi munali malo okwanira, ndiye nyimbo ndi zithunzi ndinazibweza m'foda yakeyake pambali pa pulogalamu ija. Tinagwirizana kuti pulogalamuyo ikhale momwemo, kuti makina akadzavutanso nthawi ya madzi ndidzangowalangiza pa foni. Ndinabwerera ku Nsanje mtima uli mbee, n'kukapereka fulashi yakufa ija kwa Bambo Zuze. Anailowetsa mu kompyuta, kudikira, kuitulutsa, kuilowetsanso.

"Iyi ilibe chidindo," anatero. "Ndidziwa bwanji kuti ndi yathu?"

"Yafa, a Zuze. Wakufa sayankha dzina."

Anaiponya m'kabati akung'ung'udza, ine n'kuiwala.

Nsanje boma, madzi ataphwa

Njira zitauma, Bambo Zuze anayamba ulendo wawo wa chaka ndi chaka woyendera katundu m'masukulu. Atafika ku Makhanga anapeza fulashi yakuda ili pa kompyuta ya Mayi Alufandika ikuimba nyimbo za kwaya. Kuyang'ana pa sikirini, dzina lalitali lija lili pomwepo. Kwa iwo nkhani inathera pompo: fulashi ya bungwe imene inasowa ndi iyi, ndipo yakufa ija inali yongophimbira m'maso. Anafunsa kuti fulashi ndi ya ndani, mayi n'kuyankha kuti, "Ndi yanga." Anailanda, analanda makiyi a chipinda, ndipo anachita zimenezi aphunzitsi ndi ana akuona. Pofika Lamulungu, Makhanga yense anali atamva kuti mayi wa makompyuta wagwidwa ndi katundu wa bungwe. Kutchalitchi anawauza kuti ayambe apuma kaye kutsogolera kwaya.

Mayi Alufandika anabwera kunyumba kwathu masana ena ndi amuna awo. Mwina Lusiya ukukumbukira, unawayalira mkeka pansi pa mtengo wa nimu. Mayi wa mawu aakulu uja ankayankhula ngati wodwala malungo.

"A Semba, ine kuba? Ine ndinasiya mbuzi zanga zikupita ndi madzi ndikukweza makina awo. Lero mwana wanga akuitanidwa kuti mwana wa mbava pa mjigo."

Amuna awo anangoti, "Baba, inu munalipo. Kanenani zimene munaona."

Ndinapsa mtima, ndipo ndinamva chisoni chimene sindinachimvepo pa ntchito. Mawa lake ndinalowa mu ofesi ya Bambo Mwale n'kufotokoza zonse. Anandimvetsera akupukuta khosi ndi kathawulo kawo.

"A Semba, ine ndikukukhulupirirani," anatero. "Koma a Zuze ali ndi umboni wooneka ndi maso, inu muli ndi mawu okha. Ndipo akunena kuti fulashiyo munawapatsa mayiwo ndinu, n'kubweretsa kuno yakufa yotola. Tamverani. Mayiwa tiwauze asiye okha ntchito mwakachetechete, nkhani isafike kulikulu. Inu dzina lanu silitchulidwa. Mwatsala pang'ono kupuma, musadziipitsire mbiri."

"Nanga ndikaonetsa kuti dzinalo si chidindo?"

"Mukaonetsa, mayiwo abwerera pa ntchito. Mukalephera pamaso pa anthu, sindingathenso kukutetezani. Mupita nonse awiri."

Ndinapempha kuti ndikaganize. Musaganize kuti bambo anu anayankha ngati ngwazi nthawi yomweyo, ayi. Ndinatuluka n'kupita kunyumba. Inu nonse munali pa sukulu, ndipo munthu wochotsedwa ntchito chifukwa cha kuba salembedwanso kwina. Nditawafotokozera mayi anu, anapitiriza kusankha nyemba m'lichero, kenako anafunsa funso limodzi.

"Bambo a Lusiya, fulashiyo mayiwo anakukakamizani kuti muitenge, kapena anakuthandizani?"

"Anandithandiza."

"Ndiye mukuganiza chiyani?"

M'mawa ndinakawauza Bambo Mwale kuti aitanitse anthu. Kulemba dzinalo pa fulashi ina ndinkadziwa kuti n'kosavuta. Kulifufuta ndinali ndisanayesepo, chifukwa panalibe chondichititsa, koma ndinkati n'chimodzimodzi kusintha dzina la fulashi iliyonse. Ndinafuna kuyeserera ndekha, koma magetsi anali atazima boma lonse sabata imeneyo, batire la laputopu litatheratu, ndipo mafulashi onse a bungwe Bambo Zuze anali atawakhomera. Ndinalowa m'bwalo ndi kudzikhulupirira kokha.

Tsiku la mlandu

Tinakhala mu ofesi ya Bambo Mwale, jenereta yobwereka ikulira panja. Munali Bambo Mwale, Bambo Zuze, ahedi a sukulu ya ku Makhanga, ndi Mayi Alufandika atakhala pafupi ndi chitseko manja ali pamiyendo. Amuna awo anakana kulowa, anakhala pakhonde. Ndinapempha kuti wina andibwereke fulashi yake imene aliyense akudziwa kuti si ya bungwe. Onse anayang'ana pansi. Kenako Bambo Mwale anapisa m'thumba n'kutulutsa yawo yofiira.

"Muli zithunzi za ukwati wa mwana wanga," anatero. "Zikasowa, mukayankha kwa mayi akunyumba, osati kwa ine."

Ndinasamutsa zithunzizo, ndinayendetsa kapulogalamu kokonzera fulashi, tonse n'kumayang'ana kamzere kobiriwira kakukwawa. Itamaliza ndinaitulutsa n'kuipereka kwa Bambo Zuze kuti ailowetse okha mu kompyuta yawo. Dzina lalitali lija linatulukira, chilembo ndi chilembo, pa fulashi yofiira ya abwana. Ahedi anaseka n'kunena kuti ndiye kuti abwana nawonso aba. Bambo Zuze sanaseke.

"Kulemba mwalemba," anatero. "Munthu akhoza kusema chidindo chabodza. Ine ndikuti chenicheni sichichoka. Fufutani tione. Koma osati zofomata. Chidindo chilichonse chimachoka mukawotcha pepala lonse. Chichoke dzina lokha, zinazo zikhale."

Kufomata ndiko kufufuta fulashi yonse kuti itsale yopanda kanthu, ndipo Bambo Zuze ankanena zoona kuti zimenezo sizikanatsimikiza chilichonse. Ndinavomera mokweza, mwinanso mokweza kwambiri. Ndinatsegula kabokosi kosinthira dzina, ndinafufuta zilembo zonse, ndinadina povomereza. Ndinatulutsa fulashi, ndinailowetsanso, n'kutsamira pa mpando ngati munthu wamaliza kudya.

Dzina lija linali pomwepo.

Ndinabwereza. Ndinalembapo dzina lina, MWALE, kuti mwina sikufuna kukhala yopanda dzina. Kutulutsa, kulowetsa, dzina lalitali lomwe lija. Thukuta linayamba kutsikira m'magalasi anga. Ndinamva Mayi Alufandika akupuma mwamphamvu kumbuyo kwanga, ndipo sindinayerekeze kutembenuka. Ndinachita mantha, ana anga, mantha enieni.

"Ndinanena," anatero Bambo Zuze, koma osati monyada. Ankaoneka ngati akundimvera chisoni.

"A Semba, tipume kaye?" anafunsa Bambo Mwale.

"Ayi bwana. Ndipatseni kanthawi."

Ndinatsegulanso kabokosi kaja, ndipo apa m'pamene ndinaona chinthu chimene chinandibwezera mtima. M'malo ena ofotokoza za fulashiyo munalembedwa kuti MWALE. Ndiye kuti kompyuta inalandira dzina langa, sinakane. Koma kutsogolo, pamene aliyense amayang'ana, inkaonetsabe lakale. Ndinayamba kuganiza mokweza, monga ndimachitira ndikamakonza wailesi pakhonde pano. Ndinati ngati dzina lenileni lasintha koma pakhomo pakumveka lina, ndiye kuti mkatimu muli wina amene akuyankha m'malo mwa mwini nyumba. Ndinatsegula fulashiyo n'kuyamba kuona mafayilo amene kapulogalamu kaja kanaikamo. Anali ambiri, ndipo magalasi anga anali atachita nthunzi moti zilembo zinkasambira. Ndinawavula kuti ndipukute. Bambo Zuze, amene maso awo anali akuthwa ngati a mphamba, anali ataweramira paphewa panga.

"Nanga aka?" anatero. "Kakang'ono kwambiri aka. Enawa ndi akuluakulu, aka kalibe thupi."

Kanali kafayilo ka mizere yowerengeka chabe, ka mtundu umene kompyuta imayamba kuwerenga fulashi ikangolowa. Ndinakatsegula. Bambo Zuze anawerenga mokweza, chilembo chimodzichimodzi, ndipo atafika pakati mawu awo anatsika. Linali dzina lija, lolembedwa ngati mawu wamba oti aliyense akhoza kuwafufuta. Kapulogalamu kokonzera fulashi kamalemba dzinalo pawiri, pamalo pake penipeni ndi m'kafayilo aka, ndipo kompyuta ikapeza kafayiloka imamvera iko. N'chifukwa chake Bambo Zuze ankati akasintha dzina limakana. Sikuti ankalakwitsa kusintha, koma ankasintha pamodzi pokha.

Ndinafufuta kafayiloko, n'kutulutsa fulashi. Ndinawapatsa Bambo Zuze kuti alowetse. Pa sikirini panatuluka mawu amodzi: MWALE. Mafayilo ena onse anali momwemo, osakhudzidwa.

Ahedi anamenya tebulo. Bambo Mwale anaponya kathawulo kawo m'mwamba, chinthu chimene sindinawaonepo akuchita. Ine ndinaimirira n'kuyenda uku ndi uku m'kaofesi kopanikiza kaja, ndikuti, "Mwaona? Mwaona?" ngati pali amene sanaone. Chimwemwe chimene ndinamva tsiku limenelo chimaposa cha tsiku limene ndinalandira pepala langa ku Blantyre.

Bambo Zuze anatsegula envelopu imene anasungamo fulashi yakuda ya Mayi Alufandika.

"Ndichite ndekha," anatero.

Ndinangoimirira pambali. Anapeza kafayilo kaja, anakafufuta, anachotsa dzina m'kabokosi, anatulutsa fulashi, anailowetsanso. Chidindo chawo chimene anachikhulupirira zaka zonsezi chinali chitapita, nyimbo za kwaya zili m'foda yake. Anatembenukira kwa Bambo Mwale n'kunena kuti alibenso umboni uliwonse, ndipo yakufa ili m'kabati ija akuilandira kuti ndi ya bungwe. Atatero anafuna kufufuta mayina pa mafulashi onse a bungwe tsiku lomwelo, poti anali atakwiya nawo. Ndinawaletsa. Pali mapulogalamu ena aakulu amene poyaka amadzifunafuna okha ndi dzina la fulashi, ndipo ukalichotsa amasochera, ntchito osatheka. Dzina limachotsedwa fulashi ikamaliza ntchito yoikira pulogalamu, osati isanamalize. Kuyambira pamenepo fulashi iliyonse yobwereka ndinkaibweza nditaichotsa dzina pawiri ponse, ndipo za bungwe Bambo Zuze ankazidontheza utoto wopakira maboti, umene dzuwa la kuno limaulephera.

Bambo Mwale anatenga makiyi a chipinda cha makompyuta n'kuwapereka kwa Mayi Alufandika ndi manja awiri. Mayiwo sanatambasule dzanja.

"Takhuta, bwana," anathokoza. "Koma makiyiwa sanandilandire muno. Anandilandira ku Makhanga, ana anga akuona."

Bambo Mwale anawaika pansi makiyi aja. Anali Bambo Zuze amene anatola makiyiwo patebulo n'kuwaika m'thumba la malaya awo.

"Pyadidi," anavomera. "Ndikawapereka komweko."

Makhanga, Lolemba lotsatira

Ndinapita nawo, chifukwa zoterezi sumamva kwa anthu. Ahedi anaimitsa ana onse pabwalo la sukulu m'mawa, ndipo mbiri inali itafika kale m'midzi, moti kunabwera makolo, asodzi atasiya maukonde, ndi amayi a kwaya atavala zitenje zofanana. Bambo Zuze anaima kutsogolo, wamtali uja, chipewa chili m'manja. Anayamba m'Chichewa, kufotokoza za dzina ndi kafayilo, koma anaona kuti anthu akungowayang'ana. Anasiya, n'kunena m'chilankhulo cha kwawo, mokweza kuti wa kumbuyo amve:

"Mama awa si mbava tayu!"

Anabwereza m'Chichewa kuti mayiwa si wakuba, fulashi ndi yawo, wolakwa ndi iwowo. Nthungululu zimene zinalira pamenepo ndikuganiza kuti zinamveka kutsidya kwa mtsinje wa Ruo. Amayi a kwaya anayambitsa nyimbo, amuna a Mayi Alufandika anandigwira dzanja osalisiya, ndipo ine bambo anu, amene mumati sindilira pamaliro, ndinapukuta magalasi kangapo.

Mayi Alufandika analandira makiyi n'kuyenda molunjika ku chipinda chawo, khamu la ana likuwatsatira. Loko anali atachita dzimbiri pa masabata amene anakhala wotseka, ndipo analimbana naye kanthawi mpaka anatseguka. Ana anayamba kukankhana kuti alowe. Mayiwo anatembenuka pakhomo, anatambasula mikono, ndipo mawu aakulu aja, amene ndinali ndisanawamve chichokereni dzinja, anabwerera onse.

"Nsapato panja! Fumbi limenelo mukufuna lindiphere makina? Mayeso ali pafupi, lowani awiriawiri!"